Ashehe akuti Shariya, mwana akuti malamulo a panyanja: ayambe ziti?

Kalata ya sabata ino yachokera ku Nkhotakota, kwa bambo amene ali ndi boti la injini lonyamula mpunga ndi usipa. Alemba motere: "Mwana wanga wamkazi wakhoza bwino MSCE. Ku madrasa anafika patali, Chiarabu amawerenga mosadodoma. Ashehe athu akuti atha kumupezera malo kunja kuti akaphunzire Shariya, ife osalipira fizi. Koma iye wakakamira uloya, akuti akufuna malamulo a panyanja ndi a pakati pa mayiko. Ine ndikuona ngati akuthawa za chipembedzo n'kuthamangira za azungu. Komanso Malawi alibe nyanja yamchere. Adzadya chiyani?"

Bambo, zikomo kuti mwayamba mwafunsa musanamulamule mwanayo. Yankho langa ndi ili: ayambe digiri ya malamulo konkuno, Chiarabu asachisiye, Shariya adzawonjezere pambuyo. Zifukwa ndifotokoza. Koma tizule kaye munga uwu wakuti akuthamangira za azungu, chifukwa ungakudanitseni ndi mwana wanu popanda mlandu.

Lachisanu likubwerali mukatuluka mu mzikiti, mupemphe ashehe akutsegulireni Minhaj al-Talibin, buku la Imam al-Nawawi amene anamwalira mu 1277. Otsatira Imam Shafi'i akhala akuliphunzira ku Lamu ndi ku Zanzibar, kugombe kumene Chisilamu cha ku Nkhotakota chinadzera. M'menemo muli nkhani ya zombo ziwiri zikawombana, kuti alipire ndani. Muli ya chombo chimene chatsala pang'ono kumira: kutaya katundu m'madzi n'kololedwa, ndipo ngati kuteroko kungapulumutse okwera, sikukhalanso kosankha, ayenera kutaya basi. Mulinso ya munthu wouza mnzake kuti taya katundu wako ndidzakubwezera ndine. Mawu amenewo amamumanga.

Inu nkhani izi simunaziwerenge, koma mwakumana nazo pamadzi. Tiyerekeze boti lanu lanyamuka ndi katundu wa anthu atatu. Wina wakweza mpunga wa K600,000, wina usipa wa K300,000, wachitatu simenti ya K300,000. Muli pakati mwera wauka, madzi ayamba kulowa. Anyamata anu alibe nthawi yofunsa kuti ichi n'cha yani. Agwira cholemera chimene chili pafupi, simenti yonse yapita pansi, boti lapepuka, mwakocheza amoyo. Kodi mwini simenti alire yekha, pamene katundu wake ndiye wapulumutsa mpunga ndi usipa wa anzake? Akatswiri otsatira Imam Malik, a kumpoto kwa Africa ndi ku Spain ya nthawi ya Asilamu, anati ayi, asenzane onse. Katundu yense anali wa K1,200,000, wotayika ndi gawo limodzi mwa anayi, ndiye aliyense aluze gawo limodzi mwa anayi la zake. Wa mpunga apereke K150,000, wa usipa K75,000, mwini simenti alandire K225,000, ndipo K75,000 yotsalayo ndiyo gawo lake loluza. Anatsutsana pa zomwezo zimene inu mungatsutsane pagombe. Katundu awerengedwe pa mtengo wa kumene anakwezedwa kapena wa kumene amapita? Nanga mwini chombo, poti chombo chake chapulumuka, asonkhe nawo? M'zaka za m'ma 900 kunali kale buku lathunthu la Chiarabu longokamba za kubwereka zombo ndi milandu ya pakati pa eni zombo ndi eni katundu.

Mfundoyi sinayambe ndi Asilamu. Amalinyero a pachilumba cha Rhodes anali nayo, Aroma n'kuilemba m'malamulo awo. Koma akatswiri a fiqh, maphunziro a malamulo a Chisilamu, anaisula bwino lomwe, ndipo ikugwirabe ntchito. Maloya lero amaitcha general average, imayendetsedwa ndi malamulo otchedwa York-Antwerp Rules. Sitima ya Ever Given itatseka ngalande ya Suez kwa masiku 6 mu Marichi 2021, eni ake anaitana mfundo yomweyi kuti eni makontena, kapena makampani awo a inshuwalansi, asonkhe nawo pa ndalama zoipulumutsira. Masamu ake ndi omwe aja a simenti.

Za pakati pa mayiko nazo zili ndi nthambi yake mu fiqh, yotchedwa siyar. Muhammad al-Shaybani, wophunzira wa Imam Abu Hanifa amene anamwalira mu 805, analemba za nkhondo ndi mtendere, za akazembe, za mapangano, ndi za aman, chitetezo chimene wamalonda wachilendo amapatsidwa kuti alowe, agulitse, atuluke ndi chuma chake osakhudzidwa. Tsinde lake mwana wanu akulidziwa pamtima: ayah (ndime) yoyamba ya Surat al-Ma'idah mu Qur'an imalamula okhulupirira kukwaniritsa mapangano. Panadutsa zaka 800 kuti Hugo Grotius wa ku Holland atulutse buku lake la Mare Liberum mu 1609, kunena kuti nyanja yamchere ilibe mwini. Patangopita zaka zochepa, anthu a kwawo kwa Grotius omwewo atayamba kuletsa amalonda a ku Makassar, ku Indonesia ya lero, kuyenda panyanja, mfumu ya kumeneko Sultan Alauddin anawayankha kuti Mulungu anagawira anthu mtunda koma nyanja anaipereka kwa onse.

Musaone ngati ndi mbiri yakale chabe. Mu 1980 khoti la dziko lonse la ku The Hague, poweruza mlandu wa akazembe a America amene anagwidwa ku Tehran, linanena kuti miyambo ya Chisilamu inathandiza kwambiri kukhazikitsa lamulo lakuti kazembe sakhudzidwa. Koma mlandu umene ndimaukonda, ndipo ndikufuna mwana wanu adzauwerenge wonse, ndi wa Eritrea ndi Yemen. Mayiko awiriwa anawomberana mu 1995 polimbirana zilumba za Hanish mu Red Sea. Oweruza mu 1998 anapereka zilumba zazikulu kwa Yemen, koma anaika lamulo lakuti asodzi a mbali zonse ziwiri apitirize kuwedza ndi kukocheza monga ankachitira makolo awo. Pa chigamulo chachiwiri mu 1999 anatchula chiphunzitso cha Chisilamu poikira kumbuyo ufulu wa asodziwo. Aliyense amene anaona mmene asodzi amamverera lamulo la mfumu Makanjira lotseka chilumba cha Mbenje ku Salima nthawi ya mvula, amvetsa kuti mwambo wa asodzi ungakhale ndi mano ngakhale pamaso pa boma.

Mwana wanu adzapezanso m'mabuku a siyar zimene dziko lapansi linazikana, monga kusandutsa ogwidwa pankhondo kukhala akapolo. Ndipo a ku Nkhotakota sangafunike kuuzidwa kuti zombo za a Jumbe, mafumu a Chiswahili a kumeneko, kuyambira Salim bin Abdallah m'zaka za m'ma 1840, zinkaolotsa minyanga pamodzi ndi anthu pa ulendo wa ku Kilwa, kugombe la Tanzania ya lero. Anthuwo anali ana a eni, ogwidwa m'midzi ya kumtunda. Mwana wanu asadzabise zimenezi pofuna kukometsa mbali imodzi, monganso asadzalole mphunzitsi kumuuza kuti malamulo a mayiko anabadwira ku Ulaya kokha.

Tsono nkhawa yanu yachiwiri. N'zoona, nyanja yamchere tilibe. Koma feteleza, mafuta ndi injini ya boti lanu zinabwera pa sitima n'kutsikira ku Beira, Nacala kapena Dar es Salaam, ndipo fodya, tiyi ndi shuga wathu amatulukira komweko. Kontena iliyonse ili ndi mapepala ake, inshuwalansi yake, ndi ngongole yake ikachedwa padoko. Pangano la United Nations la malamulo a panyanja, limene linasainidwa ku Montego Bay mu 1982 n'kuyamba kugwira ntchito mu 1994, lili ndi gawo lathunthu, lachikhumi, lonena za ufulu wa mayiko opanda gombe kudutsa m'mayiko a anzawo kukafika kunyanja. Malawi analivomereza mu 2010. Ufulu wolembedwa umafuna munthu woudziwa kuti akaukambire pa tebulo.

Ndiye pali nyanja yathuyi. Tanzania imati malire adutse pakati pa madzi kumpoto. Ife timaimira pa pangano la Britain ndi Germany la pa 1 Julaye 1890, limene linaika malire kugombe la kum'mawa, ndi pa chigwirizano cha mayiko a Africa ku Cairo mu 1964 chosunga malire amene anapezeka polandira ufulu. Mkangano utabukanso mu 2012, anaupereka kwa atsogoleri opuma motsogozedwa ndi Joaquim Chissano wa ku Mozambique, ndipo sunathe. Apa mwana wanu amvetse chinthu chimodzi msanga: pangano la 1982 lija ndi la nyanja zamchere, silinalembedwere nyanja za pakati pa mtunda. Mlandu wa nyanja ya Malawi ndi wa kumasulira mapangano ndi kufukula makalata akale a maboma. Mabuku a fiqh sadzaugamula.

Apo ndi pamene pagona nkhani yakuti ayambe ziti, atsatize ziti. Malamulo a dziko lino anachokera ku common law ya ku England, malamulo omangidwa pa zigamulo za makhoti, ndipo pamwamba pa onse pali Constitution ya 1994. Ku Kenya ndi ku Zanzibar kuli makhoti a Kadhi oweruza za ukwati, chisudzulo ndi chuma cha masiye cha Asilamu. Kuno kulibe. Lamulo la maukwati la 2015 limazindikira ukwati womangidwa mwachipembedzo, koma ukavuta mlandu umapita kukhoti la boma. Choncho digiri ya Shariya yokha, ngakhale yochokera ku sukulu yotchuka chotani, siyimupatsa munthu chilolezo choimira wina pakhoti la Malawi. Imamupatsa uphunzitsi, ulangizi wa mabanja, ndiponso mwayi m'mabanki amene ayamba kupereka ngongole zopanda riba (chiwongoladzanja). Ndi ntchito zaulemu ndithu. Koma si zimene mwana wanu wapempha, ndipo ndimamva chisoni ndikaona wachinyamata wabwerako patatha zaka zinayi kapena zisanu ali ndi pepala limene sankadziwa kuti silitsegula khomo limene ankafuna.

Njira ya uloya ndi iyi. Digiri ya malamulo, LLB, ku sukulu yovomerezedwa ndi National Council for Higher Education. Ku University of Malawi ku Zomba, mwambo wakhala wakuti munthu salowa za malamulo molunjika kuchokera ku Fomu 4: amayamba pulogalamu ina, akhoze bwino chaka choyamba, kenako alembe mayeso olowera. Ndiye posankha mapulogalamu asankhe imene angaikhoze bwino ndiponso yomuzoloweretsa kuwerenga ndi kulemba kwambiri, ndipo awerenge yekha chilengezo cha chaka chino mzere ndi mzere. Catholic University ku Nguludi nayonso imaphunzitsa malamulo. Za fizi, apemphe ngongole ku Higher Education Students' Loans and Grants Board, ndipo afikenso ku Islamic Zakaat Fund, imene imathandiza ophunzira a Chisilamu. Akamaliza digiri pali maphunziro a ku Malawi Institute of Legal Education ndi mayeso ake asanalandiridwe kukhala loya.

Za panyanja zenizeni zimabwera pa digiri yachiwiri. Ku Malta kuli International Maritime Law Institute, sukulu ya IMO, bungwe la United Nations loona za maulendo a panyanja, imene imasungira amayi theka la malo ake. Ambiri amene amapitako amatumizidwa ndi maboma awo, ndiye ayang'ane ntchito ku unduna wa zachilungamo, wa zakunja, kapena ku dipatimenti yoona za maulendo a pamadzi. Sindikunamizani, malo otere ndi ochepa. Zaka zoyamba adzadyera milandu ya malo, ya ngongole, ya ngozi za pamsewu, monga loya wina aliyense. Ubwino wa LLB ndi womwewo, kuti imadyetsa munthu pamene akudikira khomo lopapatizalo.

Mwayi wa ashehe musaukane mwachipongwe, ndipo musauvomere muli gombe lino osaona tsidya. Pali masukulu ophunzitsa ziwirizi pamodzi, monga International Islamic University Malaysia ndi Zanzibar University, kumene common law ndi Shariya zimayendera limodzi. Mufunse ashehe dzina la sukulu, dzina lenileni la digiri, ndi mndandanda wa maphunziro a chaka chilichonse. Mukapeza, mwana wanu alembere a National Council for Higher Education ndi a Council of Legal Education kufunsa ngati digiriyo ingamulowetse ku uloya kuno, ndipo yankho libwere polemba, osati pafoni. Likakhala lakuti inde, apite ndi madalitso anu. Likakhala lakuti ayi, muwapemphe ashehe kuti mwayiwo udikire, kapena aupereke kwa mwana wina amene mtima wake uli pa uphunzitsi wa chipembedzo.

Iwe mwanawe, poti ndikudziwa kuti bambo akupatsa kuti uwerenge: Chiarabu chako usachione ngati cha ku madrasa kokha. Ndi chimodzi mwa zilankhulo 6 za United Nations, ndipo pangano la 1982 lija lili nacho m'Chiarabu chovomerezeka mofanana ndi Chingerezi. Uzipitabe kwa ashehe pa tchuthi, uwapemphe akuwerengetse chigawo cha malonda ndi cha kubwereketsa, osati cha swala (mapemphero) ndi swaumu (kusala) zokha. Chingerezi chako chikule mofanana, chifukwa mayeso olowera ndi a chilankhulo ndi kuganiza. Ukapeza mpata ukakhale kumbuyo m'khoti la majisitireti pa boma pomwepo, umve mmene mlandu umayendera. Ndipo ulendo wotsatira bambo akamakweza katundu, utenge kope, ulembe wakweza ndani, wakweza chiyani, mtengo wake, ndi zimene agwirizana ngati katunduyo anganyowe kapena kutayika. Ukawerengere onse mokweza boti lisananyamuke, aliyense asaine.