Kaloko pa gemu: mafunso anu pa zogawana magemu ogula pa intaneti

Kale nkhaniyi sinkafuna mmisiri. Disiki ya FIFA unkangoiponya m'thumba la jekete, kukwera minibasi, kukamusiyira msuweni wako ku Ndirande, Lolemba n'kukaitenga itakalikakalika. Lero magemu ambiri alibe choika m'thumba. Chimene mumalipira pa PlayStation Store kapena pa Steam, sitolo ya pa intaneti ya magemu a pa kompyuta, ndi chilolezo chosewera gemuyo, ndipo chilolezocho chimamangiriridwa ku akaunti yanu, osati ku makina amene ali pa tebulo. Mu 2024 Steam inachita kuyamba kulemba zimenezi poyera pamalo olipirira. Mafunso amene andipeza pa benchi yanga yokonzerapo makina masabata apitawa akuchokera pomwepo.

Ine ndi alamu anga tonse tili ndi PS5, iwo ku Chilomoni ine ku Bangwe. Tikufuna tizisonkherana n'kugula gemu imodzi m'malo mwa ziwiri. Zitheka?

Zitheka achimwene, koma mumve kaye amene aluze pa mgwirizanowu, chifukwa alipo, ndipo ndi inu mwini akaunti.

Akaunti iliyonse ya PlayStation imaloledwa kusankha PS5 imodzi yokha kukhala ngati kwawo. Mumapita pa Settings, Users and Accounts, Other, kenako Console Sharing and Offline Play, n'kuyatsa. Pa PS4 chinthu chomwechi chimatchedwa Activate as Your Primary PS4. Makina amene mwawasankhawo, aliyense wokhala pampando amasewera magemu anu ndi akaunti yake, intaneti ilipo kapena palibe. Ngati mumalipira PlayStation Plus, umembala wolola kusewera pa intaneti, nayenso amatha kusewera ndi anthu a pa intaneti kudzera pa ndalama yanuyo.

Ndiye chimene anthu amachita ndi kusinthana. Inu mumakayatsa akaunti yanu pa makina a alamu anu, iwo n'kudzayatsa yawo pa makina anu. Mukagula gemu, alamu amaitsitsa n'kumasewera ndi dzina lawo, inunso mumasewera kwanu, nthawi imodzi, mpaka kumenyana zigoli pa gemu yomweyo.

Apa ndi pamene pali minga. PS5 yanu ija tsopano si kwawonso kwa akaunti yanu. Kuti musewere gemu imene munagula ndi thukuta lanu, muyenera kukhala pa intaneti nthawi yonse, makinawo azifunsa kwa Sony, kampani ya PlayStation, ngati ndinudi. Netiweki ikangogwa pamabwera uthenga woti chilolezo sichikutsimikizika ndipo gemu itsekedwa pakatha mphindi 15. Alamu ku Chilomoni akusewera mwamtendere popanda bandulo, inu mwini wake ku Bangwe mukuzungulira nyumba ndi foni m'mwamba kusaka netiweki. Ana anunso akalowa ndi maakaunti awo pa makina a m'nyumba mwanu momwemo, magemu anu amawapeza ali ndi kaloko. Kumayiko kumene intaneti ya m'nyumba siduka, anthu vutoli saliona n'komwe. Kuno ndi limene limaphwasula migwirizano yambiri. Ine ndimalangiza kuti amene ali ndi intaneti yodalirika ndiye azigula pa akaunti yake, winayo azimupatsa theka la ndalama.

Kachiwiri, pasiwedi. Malamulo a Sony salola kupatsana pasiwedi, komanso ngakhale akanalola, musailembe pa WhatsApp. Kwerani minibasi mupite nokha ku Chilomoni, mukalowe ndi dzanja lanu. PS5 imaonetsa QR code imene mumaijambula ndi PS App ya pa foni yanu, osalemba chilembo ngakhale chimodzi. Mukatero ikani nambala yachinsinsi pa dzina lanu pa makinawo, muyatse 2-step verification (chitetezo chofuna chitsimikizo chachiwiri pambali pa pasiwedi polowa), muyatsenso kuti pogula chilichonse pazifunika pasiwedi. Ndinalandirapo bambo wina ali ndi pepala la ku banki m'manja, akunjenjemera, akuti amubera. Titafufuza, wakubayo anali mphwake wa sitandade 6 amene ankangodina batani logulira ndalama za mugemu, osadziwa kuti zikuchoka pa khadi la amalume. Dzina lanu musalifufute pa makina a alamu mukamaliza, lisiyeni likhale pomwepo ndi loko wake.

Ndinagula FC, gemu ya mpira imene inalowa m'malo mwa FIFA, kwa munthu wina wa pa WhatsApp pa mtengo wotsika kwambiri. Ananditumizira imelo ndi pasiwedi, ndinatsitsa, ndasewera miyezi iwiri. Tsopano pa gemu pali kaloko ndipo foni yake sikupezeka. Mungatsegule?

Aise, pepa. Ukabwera nayo ndiyesa chinthu chimodzi chokha, chimene ungayesenso wekha kunyumba: Settings, Users and Accounts, Other, Restore Licenses. Nthawi zina kaloko kamabwera chifukwa makina angosokonezeka, ndipo kamachoka pamenepo. Kakakana, palibe sikuludiraiva imene ingakachotse, chifukwa kalokoko sikali m'makina mwako. Kali ku Sony.

Sunagule gemu. Unachita lendi malo pa akaunti ya munthu wina. Ogulitsawa amatenga akaunti imodzi n'kuidula ngati nyama ya pa msika: wina amugulitsa malo a primary pa PS5, wina primary pa PS4, wina amene amati secondary, uja wofunika intaneti nthawi zonse. Imelo imene akauntiyo inatsegulidwira imakhala m'manja mwa wogulitsa, ndiye tsiku lililonse akhoza kusintha pasiwedi, kuchotsa makina ako, malo ako n'kugulitsa kwa wina. Palinso njira ina yoipa kuposa apa. Magemu ena otchipa chonchi amagulidwa ndi makhadi a ku banki obedwa. Mwini khadi akadandaula ndalama n'kubwezedwa, Sony imatseka akauntiyo, onse amene anadyapo n'kugwa limodzi. Ukadandaula kwa ndani? Sungalembere Sony kuti akaunti imene ndinagula mosemphana ndi malamulo anu yatsekedwa. Akuluakulu aja anati fodya wako ndi uyo ali pamphuno, wa pachala ngwa mphepo.

Chotonthoza ndi ichi: ngati unkasewera ndi akaunti yakoyako, zimene unasunga mugemu zikadalipo pa makina. Ukagula gemuyo mwachilungamo zidzadzuka. Koma samala dera. Malawi palibe pa mndandanda wa mayiko a PlayStation Network, n'chifukwa chake ambiri kuno ali ndi maakaunti a South Africa, UK kapena America, ndipo dziko la akaunti silisinthika ukangoitsegula. Gemu imodzimodziyo imatha kukhala ndi nambala zosiyana malinga ndi dera, zija zoyamba ndi CUSA pa PS4 ndi PPSA pa PS5, zimene umaziona pa msana wa bokosi la disiki. Nambala zikasiyana, zosunga zako ndi zowonjezera zimene unagula zikhoza kukana kugwirizana ndi gemu yatsopanoyo. Khadi la ndalama za PlayStation nalonso limalowa pa akaunti ya dziko lake lokha.

Ndine mayi wa ana atatu, tili ndi kompyuta ya pa tebulo ndi laputopu. Magemu onse ali pa akaunti ya Steam ya bambo awo ndipo tsiku lililonse ndi ndewu, wina wafufuta za mnzake. Ndichite bwanji?

Mayi, vuto lanu ndiye lili ndi mankhwala abwino kuposa onse. Mwana aliyense mumutsegulire akaunti yake ya Steam, n'zaulere, kenako bambo apite pa Account details, Family Management, atsegule banja n'kuwaitana. Dongosololi limatchedwa Steam Families, linatsegulidwa kwa aliyense mu Seputembala 2024, ndipo limatenga anthu 6 kuwerengera mwini wake. Magemu a onse amalowa m'dengu limodzi, koma aliyense amasunga zake payekha. Ndewu yofufutirana ija yatha pamenepo.

Amene anagwiritsapo dongosolo lakale la Family Sharing akukumbukira kuti mwini akangotsegula gemu iliyonse, wobwereka ankathamangitsidwa. Pano ayi. Bambo akhoza kusewera gemu ina, mwana ina, nthawi imodzi, ngakhale intaneti palibe. Chosatheka ndi anthu awiri pa gemu imodzi pamene banja linagula imodzi yokha. Akafuna kusewera onse, mugule yachiwiri.

Anawo muwalembe ngati ana, osati akuluakulu. Mukatero mumasankha magemu amene aziona, mumaika maola osewera, ndipo mwana akafuna kugula china pempho limabwera kwa inu kuti muvomere kapena mukane. Nthawi ya mayeso mudzandithokoza.

Zinthu ziwiri muwauze bambo. Si magemu onse amene amagawika. Aja ofuna akaunti ya kampani ina pambali pa Steam nthawi zambiri salowa m'dengu, ndipo mwatsoka FC ya EA ndi GTA V ya Rockstar, imene ana amaifuna kwambiri, ili m'gulu limenelo. Chinacho ndi chilango. Mwana akaika mapulogalamu achinyengo n'kugwidwa akusewera gemu ya bambo ake pa intaneti, Steam imatsekera onse awiri pa gemuyo, mwana ndi mwini wake. Mumukhazike pansi wamkuluyo musanamupatse.

Nanga mkulu wanga wa ku Joni, amene ali ndi magemu ambiri pa Steam, angandilowetse m'banja lake ine ndili ku Lilongwe?

Magazi ndi amodzi, koma Steam siyang'ana magazi. Valve, kampani yake, inanena kuti dongosololi ndi la anthu a nyumba imodzi, ndipo akaunti ya dziko lina imakanidwa poyesa kulowa. Ena amazembera ndi VPN, pulogalamu yobisa dziko limene uli, kapena kusintha dziko la sitolo. Ine sindichitira munthu zimenezo, chifukwa choika pachiswe ndi akaunti ya akulu anu ndi zonse zimene akhala akugula kwa zaka.

Ndipo musamalowe m'mabanja a Steam mwachibwana, ngakhale a anzanu a konkuno. Mukatuluka, simungalowe kwina mpaka chaka chikwane kuchokera tsiku limene munalowa m'banja loyambalo, ndipo mpando umene mwausiya nawonso umadikira chaka usanapatsidwe wina.

Kugawana n'kwabwino, koma gemu imodzi ikumadya bandulo ya mwezi wathunthu. Tizitsitsa kawiri?

Ayi. Chilolezo ndi chimene chimayenda pa intaneti, ndipo n'chopepuka. Katundu wolemerayo, magigabaiti 50 kapena 100 aja, mukhoza kumunyamula pamanja.

Pa Steam, makompyuta awiri akakhala pa rauta imodzi, pitani pa Settings, Downloads, muyatse Game File Transfer over Local Network, musankhe kuti ilole anzanu. Yachiwiri imakoka gemuyo kwa inzake osadya bandulo yambiri, ndipo mukalumikiza ndi waya imathamanga kuposa pa Wi-Fi. Akakhala kutali, pali Backup ndi Restore, mumaika pa hard drive n'kupita nayo. Pa PlayStation mufunika hard drive ya USB 3.0 yoyambira 250 GB mpaka 8 TB, imene makinawo amaifomata okha, choncho chotsanimo zithunzi za ukwati kaye. Magemu a PS4 amaseweredwa ali momwemo, a PS5 amangosungidwamo ndipo muyenera kuwabwezera m'makina. Musanayambe kukopera onani ngati magetsi akhalitse. Ma hard drive angapo amene ali m'kabati yanga anafa chifukwa magetsi anathima ali pakati pa ntchito.

Zosintha zimene gemu imafuna mwezi ndi mwezi, zimenezo pa PlayStation ndiye aliyense atsitsa yekha. Zimitsani zotsitsa zokha, muzitsitsa usiku ndi bandulo yotchipa.

Za Xbox, Switch ndi foni simunanene.

Xbox imayenda ngati PlayStation. Mumasankha My home Xbox pansi pa Settings, General, Personalization, ndipo aliyense wa pa makinawo amasewera magemu anu ndi a Game Pass, dongosolo la Xbox la magemu olipirira pamwezi. Mumaloledwa kusintha ka 5 pa chaka. Nintendo, kampani ya Switch, mu 2025 inabweretsa Virtual Game Cards, imene ikufanana kwambiri ndi kubwerekana kwathu kwakale: mumabwereketsa gemu kwa wa m'gulu la banja lanu, lomwe limafika anthu 8, makina awiriwo ali pafupi, ndipo pakatha masiku 14 imabwerera yokha. Ikakhala kwa mnzanu inu mulibe. Bola iyi siibwera itakalika.

Pa foni, Family Library ya Google Play ndi Family Sharing ya Apple zimalola kugawana ndi anthu ena 5 magemu ogula, ngakhale ya Google sipezeka m'mayiko onse. Koma magemu ambiri a pa foni ndi aulere kale, ndalama zimapita ku makobili a eFootball, UC ya PUBG ndi madayamondi a Free Fire, ndipo zimenezo sizigawika.

Ndinayatsa akaunti yanga pa PS5 ya mnzanga, pano tinayambana ndipo akukana kuti ndikaichotse. Ndapsa?

Simunapse, ndipo simufunika kugogoda pakhomo pake. Lowani pa webusaiti ya PlayStation ndi foni kapena kompyuta, mupite pa Account Management. Yambani ndi kusintha pasiwedi, mutulutse akauntiyo pa zipangizo zonse, muyatse 2-step verification ngati inali yozimitsa. Kenako pa Device Management musankhe kuchotsa makina onse. Mukamaliza, yatsani Console Sharing and Offline Play pa PS5 yanu. Makina ake akadzangogunda intaneti, kaloko kagwera kwa iye.

Koma batani lochotsa makina onse uli kutalilo limagwira kamodzi pa miyezi 6. Mukalidina lero, PS5 yanu n'kufa kapena kubedwa mwezi wamawa, mudzasowa pogwira mpaka miyeziyo ithe kapena mpaka mutachonderera a Sony. Ngati mkangano wake ndi uja woti Lamlungu mudzakhala mukudyera mbale imodzi, sinthani pasiwedi yokha lero, batanilo mulisunge kaye.