Kodi akazi aku India ndi aja timaonera pa Zee World?

Mayi wina wanditumizira imelo. Akuti madzulo alionse amaonera masewero achimwenye pa Zee World, ndipo chomwe amaona ndi mtengwa wovala sari akulimbana ndi apongozi ake kukhitchini. Funso lawo n'lakuti, moyo wa akazi kumeneko ndi umenewu basi?

Mayi, si zabodza zonse ayi. M'madera ambiri mkazi akakwatiwa amakakhala nyumba imodzi ndi makolo a mwamuna. Komanso chuma cha ukwati chimachokera kuchikazi kupita kuchimuna, mosiyana ndi malowolo athu. Boma linaletsa mwambowu mu 1961, koma mpaka lero makolo amalowa m'ngongole pofuna kugula golide ndi njinga yamoto ya mkamwini. Kafukufuku wa boma wa 2019 anapeza kuti mkazi amatha pafupifupi maola 5 patsiku pa ntchito zapakhomo, pomwe mwamuna ndi ola limodzi ndi theka.

Koma pali zina zomwe masewerowo sakuonetsani. Kuyambira 1993, mpando umodzi mwa mipando itatu iliyonse m'makhonsolo a kumudzi, otchedwa panchayat, ndi wa akazi, ndipo boma la chigawo cha Bihar linaonjezera kufika theka mu 2006. Akazi osankhidwa apitirira miliyoni imodzi. Chokhumudwitsa n'chakuti m'midzi ina mayi amangosainira mapepala, wolankhula pamsonkhano ndi mwamuna wake. Amwenyewo anachita kumupatsa dzina, sarpanch pati, kutanthauza mwamuna wa wapampando.

Ine kusintha kwenikweni ndimakuona komwe ndalama zili m'manja mwa mkazi. Mumzinda wa Ahmedabad, Ela Bhatt anayambitsa bungwe la SEWA mu 1972, la amayi ogulitsa masamba, osoka ndi osenza katundu pamutu, ndipo patangotha zaka ziwiri anatsegula banki yawoyawo. Kuchigawo cha Kerala kuli ndondomeko ya magulu a amayi yotchedwa Kudumbashree, yomwe inayamba mu 1998: amayi 10 mpaka 20 amakumana sabata iliyonse pakhonde la mnzawo, kusonkha, kubwereketsana. Inu a banki mkhonde mukuidziwa nkhaniyi. Kungoti awa afika poyendetsa malesitilanti ndi kubwereka minda n'kumalima pagulu, ndipo alipo oposa 4 miliyoni.

Pa za malo mpomwe pakadali minga. Lamulo la 2005 linapatsa mwana wamkazi wachihindu gawo lofanana ndi la mlongo wake pa chuma cha makolo. Ambiri amasaina kusiyira alongo awo gawolo, poopa kuti ukwati ukadzavuta angadzasowe kobwerera.