Catcher wa pabenchi anakhala bwanji kochi wa Cubs?

Achemwali ena okhala ku Chicago andilembera imelo, akuti anzawo kuntchito sakamwa madzi ndi dzina la David Ross, ndiye atafufuza apeza kuti mkuluyu pafupifupi moyo wake wonse wa baseball anali catcher wachiwiri. Funso lawo ndi loti munthu wokhalira pabenchi anampatsa bwanji timu yonse ya Cubs, ya ku Chicago komweko, kuti aziitsogolera?

Achemwali, muyambe mwaona ntchito ya catcher. Ndi uja amanjuta kumbuyo kwa womenya mpira, atavala chigoba kumaso ndi zotchinga pachifuwa ndi m'miyendo. Bwalo lonse amaliona ndi iyeyo. Nthawi ya Ross catcher amabisa dzanja pakati pa ntchafu nkumauza pitcher, woponya mpira uja, ndi zala mpira woti aponye, chala chimodzi wa liwiro, ziwiri wokhota, ndiye kuti ayenera kudziwa pomwe womenya aliyense wa timu inayo amafooka. Tsono sezoni imakhala ndi magemu 162, mawondo a munthu mmodzi sangapirire kunjuta konseko, wachiwiriyu amalowa mwina kamodzi kapena kawiri pa sabata, masiku enawo ali phee pambali pa makochi kumvetsera, kuonera mavidiyo, kuwakha mipira ya ma pitcher akamakonzekera. Ali ngati goloboyi wachiwiri, kungoti uyu amaseweradi, komanso theka la ntchito yake ndi ukochi kale.

Ross anayamba ndi Dodgers mu 2002, nayendayenda ku Pirates, Padres, Reds, kenako Braves kuyambira 2009 mpaka 2012 ali wachiwiri kwa catcher Brian McCann. Kumenya mpira sanali katswiri ayi, avareji yake inathera pa .229 basi, kutanthauza kuti pa maulendo 100 alionse amamenya bwino pafupifupi ka 23 kokha. Koma ma pitcher amamufuna. Pitcher Jon Lester, yemwe anatenga naye World Series, chikho chachikulu cha ligiyi, ku Red Sox mu 2013, anali ndi vuto lodziwika, kuponya mpira ku first base, malo oyamba pomwe womenya amathamangira akamenya mpira, kumamukanika, othamanga amamuderera nkumatalikira dala, ndiye Ross amatha kuwakha mpira nkuuponya komweko mwadzidzidzi kuti awagwire. Lester atapita ku Cubs, Ross naye anapita, mu 2015.

Za 2016 anzanuwo akuuzani kale ndithu. Gemu ya 7, yomaliza ya World Series, ndi Cleveland, Ross ali ndi zaka 39, anyamata akumutchula Grandpa Rossy, analowa pakati pa gemu limodzi ndi Lester nkumenya home run, mpira wodumpha mpanda wa bwalo, pa mpira wa Andrew Miller. Inali gemu yake yomaliza, ndipo Cubs inatenga chikho chomwe inachiona komaliza mu 1908.

Anamupatsa ukochi mu Okutobala 2019 m'malo mwa Joe Maddon, asanatsogolerepo timu ina iliyonse, apa ine ndimaona kuti mabwana anathamanga. Mu 2020, sezoni yofupikitsidwa ya magemu 60, anatsogola mu NL Central, gulu la matimu lomwe Cubs imaseweramo, koma 2021 timu inagulitsa Rizzo, Bryant ndi Báez, anzake omwe anasewera nawo, ndipo mu Novembala 2023 anamuchotsa nkuika Craig Counsell.

Komatu njirayi sanaiyambe ndi iye. Bruce Bochy nayenso anali catcher wachiwiri, wawina World Series kanayi ngati kochi, 2010, 2012 ndi 2014 ndi Giants, 2023 ndi Rangers. Kevin Cash, amene kumenya kwake kunali kofooka kuposa kwa Ross, anayamba kutsogolera Tampa Bay Rays mu 2015 nkuifikitsa ku World Series mu 2020.