Nyenyezi sizithawa, amene akusuntha ndi woyendetsa chombo wanuyo

Achimwene, mwati mukulemba nthano ya anthu oyenda ndi zombo pakati pa nyenyezi, ndipo mukufunsa ngati woyendetsa chombo angadalire nyenyezi monga ankachitira amalinyero panyanja, poti mwamva kuti nazonso zimayenda. Zimayendadi, koma zisakusowetseni tulo. Nyenyezi ya Barnard, imene imasuntha msanga kuposa zonse tikamaziona kuchokera kuno, imatenga zaka pafupifupi 180 kuti idutse kampata kofanana ndi kukula kwa mwezi kumwambaku. Nthano ikakhala ya mibadwo iwiri itatu, mapu a agogo amuthandizabe mdzukulu, bola kompyuta iziwakonza apa ndi apo.

Nkhani yagona pa chombocho. Mmalinyero ngakhale atazungulira dziko lonse, kwa nyenyezi amakhala sanasunthe n'komwe. Wanuyu ndiye akusunthadi. Mukakhala m'basi, mitengo ya m'mbali mwa msewu imathamangira kumbuyo pamene phiri lakutali lili phee, ndipo nyenyezi zimatero. Mu April 2020 chombo cha New Horizons, chili pa mtunda wa makilomita pafupifupi 7 biliyoni, chinajambula nyenyezi ziwiri zapafupi, Proxima Centauri ndi Wolf 359. Ataziyerekeza ndi zithunzi zojambulidwa padziko pano, nyenyezi ziwirizo zinaoneka zitasuntha ndithu, zinzake zakutali zili pomwepo. Chonsecho chombocho chinali chidakali pakhomo penipeni pa dzuwa lathu.

Ndiye magulu a nyenyezi amene tinawazolowerawa musapite nawo kutali. Kuwala kwa Sirius kumafika kuno m'zaka 8.6, kwa Rigel kumatenga zaka zoposa 800, ngakhale kumwambaku ziwirizi zimaoneka ngati za mudzi umodzi. Mutaima ku Alpha Centauri, nyenyezi zoyandikana kwambiri ndi dzuwa lathu, Sirius mungaione itatsamira pafupi ndi Betelgeuse, ndipo dzuwa lathu lingakhale nyenyezi yowonjezera m'gulu la Cassiopeia. Akamwiniatsatana, a m'gulu la Orion, angapirire ulendo wotalikirapo chifukwa ali kutali zedi. Zoti munthu ali kutsidya kwa Mlalang'amba n'kumaloza Orion ngati ali pakhonde kwawo, ine ndikaziwerenga ndimangotseka buku.

Kusunthako si tsoka ayi, ndi chida. Woyendetsa wanu azigawa nyenyezi pawiri. Zakutali zimamuuza kumene mphuno ya chombo yaloza. Chombo cha Mariner 4, popita ku Mars mu 1964, chinkagwira dzuwa ndi nyenyezi ya Canopus kuti chisapotoke. Zapafupi zimamuuza pamene iye ali: akayeza mmene zitatu kapena zinayi zasunthira poyerekeza ndi zakutalizo, masamu amupatsa malo ake. Ulendo ukakhala wodutsa Mlalang'amba wonse, Canopus nayo imasanduka yapafupi, ndiye zakutali zake zikhale ma quasar, mitima yowala kwambiri ya milalang'amba ina, amene ali kunja kwenikweni, mtunda woti kuwala kumayenda zaka mabiliyoni. Akatswiri a zakuthambo amayezera pa iwo ngakhale lero.

Mwina munamvanso za ma pulsar, mitembo ya nyenyezi imene imazungulira n'kumaphethira mosaphonya nthawi, iliyonse ndi liwiro lake. Pa chombo cha Pioneer 10 cha mu 1972 anamatapo chitsulo chosonyeza pamene pali dzuwa lathu pogwiritsa ntchito ma pulsar 14, ndipo mu 2017 NASA inayesa pa International Space Station, chombo chokhalamo anthu chimene chimazungulira dziko lapansi, n'kupeza kuti chipangizo chingadziwe malo ake pongomvera kuphethirako. Koma pulsar imaponya kuwala kwake mbali zina zokha, choncho imene timaimva kuno mwina kwina simveka. Imapitanso ikuchepa liwiro, zimene zingathandize munthu wosochera kudziwa kuti papita zaka zingati.

Chimene olemba ambiri amaiwala n'chakuti kuwala n'kwakale. Ngati zombo zanu zimadumpha mtunda wa zaka 1,000 za kuwala m'kuphethira kwa diso, woyendetsa akafika aona nyenyezi zina mmene zinalili kale kwambiri, zina mmene kwawo sanazionebe. Imene ili pa mapu ake mwina akaipeza itaphulika kalekale. Asamadalirenso kuwala kokha pozindikira nyenyezi, Betelgeuse inazilala moonekeratu kumapeto kwa 2019 n'kudzawalanso mu 2020. Chodalirika ndi mitundu ya kuwala kwake akakumwaza ndi galasi, poti nyenyezi iliyonse ili ndi mizere yake.

Ndikanakhala ine, ndikanaipha kompyuta ija pakati pa nthano. Woyendetsa atsale ndi sextant, chipangizo choyezera mpata wa pakati pa nyenyezi kumwamba, monga Jim Lovell ankayezera nyenyezi pa Apollo 8 mu 1968, koma iye kunja kwa windo kulibe gulu ngakhale limodzi limene akulidziwa. Tiuzeni kaye kuti zombo zanuzo zimadumpha kapena zimayenda ulendo wonse, chifukwa zikamathamanga moyandikira liwiro la kuwala nyenyezi zimaunjikana kutsogolo n'kusintha mtundu, ndipo masamu ake ndi ena.