Agogo anu a ku Wenela ali m'filimu iti?

Wowerenga wina wa ku Rosettenville, ku Joni kuno, wanditumizira imelo. Akufuna kupanga filimu ya agogo ake, omwe anabwera kuno ku Joni kudzagwira ntchito m'migodi kudzera ku Wenela. Waona tizidutswa ta mafilimu akale pa YouTube, ndiye akufunsa ngati angatenge pomwepo kapena apite ku SABC, wailesi ya kanema ya dziko la South Africa.

Achimwene, za pa YouTube zisiyeni. Woika filimu pamenepo kawirikawiri si mwini wake, ndipo palibe wailesi ya kanema imene ingaonetse ntchito yanu popanda chilolezo cholembedwa cha kachidutswa kalikonse. Pamenepo mungoonapo kuti filimuyo ilipo, kenako yang'anani chizindikiro pakona, mumlondole mwini wake.

Musanapite ku Auckland Park, komwe kuli likulu la SABC, funsani kunyumba chaka chimene agogo anabwera. TV inayamba mu 1976 m'dziko muno. Pamenepo n'kuti Kamuzu ataimitsa kale Wenela, ndege itagwa ku Francistown, ku Botswana, mu 1974 n'kupha Amalawi oposa 70 omwe ankabwerera kumudzi. Kwathu nako TVM inadzatsegulidwa mu 1999. Choncho zaka zimene anthu ankakhamukira kuno mudzazipeza m'mafilimu a nkhani omwe ankaonetsedwa m'nyumba za kanema. Yambani ndi British Pathé, Reuters ndi AP Archive pa intaneti, kenako National Film, Video and Sound Archives ku Pretoria.

Pofufuza, dzina loti Malawi likusokeretsani, chifukwa chisanafike chaka cha 1964 olemba makhadi ofotokoza zimene zili m'filimu iliyonse ankalemba "Nyasaland". Yesaninso "WNLA", chidule cha dzina la Wenela m'Chingerezi, ndi dzina la mgodi umene agogo ankagwirako ntchito.

Chimene chimandipweteka pa ntchito imeneyi n'chakuti anthu athu alimo, koma opanda mayina. Tsiku lina ndinakhala maola ambiri ndikubwereza kachidutswa ka masekondi ochepa: amuna ali pamzere, mabulangete paphewa, mmodzi atanyamula sutikesi ya malata pamutu, akutembenuka kuyang'ana kamera kamodzi kokha. Khadi lake linangoti "native labourers". Munthu ameneyu anali ndi mudzi, anali ndi mfunda wake. Mukapeza zotere, kaonetseni akuluakulu omwe analiko, mwina azindikira kompaundi kapena nyimbo imene ikuimbidwa.

Tsopano za ndalama. Osunga mafilimuwa amayamba akutumizirani kope lokhala ndi chidindo komanso manambala a nthawi akuyenda m'munsi. Lembani pomwe kachidutswa kanu kayambira ndi pomwe kathera, chifukwa ambiri amalipiritsa pa sekondi, ndipo mtengo umatengera mayiko amene filimu idzaonetsedwe ndi zaka zimene mukufuna. Lumikizani filimu yonse ndi makope achidindowo, mudzagule okhawo amene atsalamo. Nyimbo ikamamveka m'kachidutswako, chilolezo chake chimakhala chapadera.

Ndipo musanalipire khobidi, imbani foni kumudzi, azakhali atsegule bokosi la agogo. Chiphaso cha kumgodi ndi chithunzi chimodzi chojambulitsa ku situdiyo ndi za banja lanu, ndipo pachiphasopo pali dzina lawo.