Kamera iyang'ane pabwalo panu, maikolofoni muzimitse

Mwafunsa ngati pali vuto kuika kamera pageti ndi pakhonde, zija zojambula ndi mawu omwe. Ikani ndithu achimwene, koma maikolofoni yake muizimitse pa app musanakhomere kamerayo pakhoma.

Nkhani yagona pa mawu. Chithunzi mutha kuchiletsa kudumpha mpanda, mawu ayi. Anthu awiri aima kuseri kwa geti akukambirana za matenda kapena ngongole, kamera sikuwaona koma ikuwamva. Malamulo amasiyana dziko ndi dziko, ndiye fufuzani a kumene muli. Ku America lamulo la dziko lonse limalola kujambula mawu ngati mmodzi mwa olankhulawo wavomera, pomwe ku California zokambirana zachinsinsi zimafuna kuti onse avomere. Tsono kamera ya pageti imatola zokamba za ena inu kulibe, palibe ndi mmodzi yemwe wavomera. Mu 2021 khoti la ku Oxford, ku England, linapeza kuti munthu wina anaphwanya lamulo loteteza zinsinsi za anthu ndi makamera a pakhomo pake, kuphatikizapo belu la pachitseko lokhala ndi kamera la kampani ya Ring, ndipo woweruza anati mawuwo ndiwo anali ovuta kwambiri kuposa zithunzi.

Kamerayo ikhale pamtunda wa mamita 2.5 mpaka 3, yoweramira pansi. Mukatero yang'anani pa foni, masana ndi usiku womwe. Ngati windo kapena khomo la oyandikana nawo likuoneka, ipotozeni kapena phimbani malowo ndi privacy zone, njira ya pa app yobisira mbali ina ya chithunzi kuti isajambulidwe. Kubafa, kuchimbudzi, ndi kuchipinda chogona mlendo kapena wantchito musayerekeze n'komwe. Wantchito muuzeni pamene pali kamera, pageti pakhale kachikwangwani.

Password imene yabwera nayo isintheni tsiku lomwelo. Ambiri amaiwala, mapeto ake wakunja n'kumaonera pakhonde pawo ali kutali. Makanema azifufutika okha pakatha masiku 14 mpaka 30.

Kukachitika umbava, koperani kanemayo msanga, chifukwa memory card ikadzaza imalemba pamwamba pa zakale. Tsiku ndi nthawi pa kamera zikhale zolondola, apo ayi umboni wanu ufooka. Kanemayo pitani naye kupolisi, osati pa Facebook. Nkhope ya usiku imasocheretsa, ndipo mukamutcha munthu wakuba chikhalirecho si iyeyo, mlandu woipitsa mbiri ugwera inu.