Bwanji malonda a pakati pa mayiko atukula ena, ena n'kutsalira?

Mmodzi mwa owerenga wanditumizira funso ili pa imelo: "Timamva kuti mayiko akatsegulirana malire pa malonda, onse amapindula. Nanga bwanji mayiko ambiri osauka akadali pomwe analipo? Kodi si njira chabe yoti olemera azidyera osauka masuku pamutu?"

Zikomo kwambiri chifukwa cha funsoli. Phindu lilipo ndithu, koma siligwa ngati mvula m'munda wa aliyense. Limatsata zomwe dziko likugulitsa komanso mmene latsegulira malire ake.

Phindulo tisalikane. Malinga ndi World Bank, mu 1990 munthu mmodzi mwa atatu alionse padziko lapansi anali pa umphawi wadzaoneni, koma pofika 2015 anali mmodzi mwa khumi. Ambiri mwa omwe anatuluka mu umphawiwo ndi a ku China, pafupifupi 800 miliyoni kuyambira mu 1978. Vietnam inayamba kusintha kayendetsedwe ka chuma mu 1986 ili yosaukitsitsa, lero gawo lalikulu la mafoni a Samsung limapangidwa komweko.

Koma onani mmene mayikowa anachitira, pakuti nkhani yonse yagona pamenepa. Sanangotsegula malire tsiku limodzi. South Korea, mu ulamuliro wa Park Chung-hee, inkateteza mafakitale ake ku katundu wakunja n'kumawapatsa ngongole za chiwongoladzanja chochepa, koma kampani yolephera kugulitsa kunja thandizolo inkalandidwa. Mu 1968 boma linakhazikitsa kampani ya zitsulo ya POSCO ngakhale akatswiri a World Bank ankati ntchitoyo siingapindule. Zitsulo zomwezo n'zimene zinadzapanga sitima zapamadzi ndi magalimoto omwe dzikolo limatchuka nawo. China nayo inayamba ndi madera ochepa monga Shenzhen mu 1980, ndipo kampani yakunja yofuna kupanga magalimoto kumeneko inkayenera kugwirizana ndi kampani ya m'dzikomo, kuti nzika ziphunzire luso. M'bungwe loona za malonda a pakati pa mayiko la WTO, China inalowa mu 2001, mafakitale ake atakhwima kale.

Mayiko ambiri a mu Africa ndi Latin America zinawayendera mosiyana. M'zaka za m'ma 1980 ngongole zinawafika m'khosi, ndipo kuti IMF ndi World Bank ziwabwereke ndalama, anauzidwa kuti atsitse msanga misonkho ya katundu wolowa, agulitse makampani a boma, achepetsenso mphamvu ya ndalama zawo. Mafakitale anthete, makamaka a nsalu, analephera kupikisana ndi katundu wakunja ndipo ambiri anatsekedwa. Chomwe chinatsala ndi kugulitsa zokolola ndi miyala zosakonza, zomwe mtengo wake umagamulidwa kutali, ku London ndi ku New York. Côte d'Ivoire ndi Ghana zimalima koko woposa theka la koko yense padziko lapansi, komabe kwa zaka zambiri mlimi wakhala akulandira zosakwana gawo limodzi mwa magawo khumi a mtengo wa chokoleti m'sitolo. Ndalama zenizeni zili pa kukonza, kulongedza ndi dzina la kampani.

Pa za kudyerana masuku pamutu, penapake mukunena zoona. Mayiko omwe ankalalikira msika womasuka ankapatsa alimi awo sabuside. Mu 2003, pa msonkhano wa WTO ku Cancún m'dziko la Mexico, mayiko a Benin, Burkina Faso, Chad ndi Mali anadandaula kuti ndalama zomwe America imapatsa alimi ake a thonje zikugwetsa mtengo padziko lonse. Brazil inakasuma nkhani yomweyi ku WTO ndipo inapambana. Mlimi wa ku Mali wolima ndi khasu sankapikisana ndi mlimi mnzake ayi, ankapikisana ndi thumba la boma la America. Chimenechi n'chosalungama, ndipo palibe chifukwa chochinenera mozungulira.

Ndalama zochokera kunja nazo zili mitundumitundu. Womanga fakitale sangainyamule usiku n'kuthawa nayo, koma wobwereketsa ndalama kwa miyezi yochepa kapena wogula masheya amatuluka pongodina batani. Izi n'zimene zinaoneka mu July 1997 ndalama ya Thailand itagwa. Obwereketsa anathawa chigawo chonsecho cha ku Asia, ndalama ya Indonesia inatha mphamvu, anthu mamiliyoni anabwerera mu umphawi, mpaka mtsogoleri wa Indonesia, Suharto, anatula pansi udindo mu May 1998. Malaysia inaletsa ndalama kutuluka mwachisawawa mu September chaka chomwecho. Ambiri anainyoza, koma chuma chake sichinachedwe kudzuka.

Ngakhale fakitale ikabwera, tisafulumire kuomba m'manja. Ku Bangladesh zovala zimabweretsa ndalama zoposa 80 peresenti ya zonse zomwe dzikolo limagulitsa kunja, ndipo anthu pafupifupi 4 miliyoni, ambiri mwa iwo amayi, amapeza pogwira. Ichi si chinthu chochepa kwa mtsikana wochokera m'banja losauka. Koma pa 23 April 2013 makoma a nyumba ya Rana Plaza, momwe munali mafakitale osoka zovala, anaoneka ming'alu. Banki ndi masitolo a m'munsi anatseka, pomwe osoka zovala anauzidwa kuti m'mawa mwake abwerere pa makina. Nyumbayo inagwa, ndipo anthu oposa 1,100 anafa akusokera masitolo a ku Ulaya ndi ku America. Pangano lokakamiza makampani ogula zovalazo kuyendera chitetezo cha nyumba linasainidwa maliro atachitika kale.

Mwina mufunsa ngati kuli bwino kungotseka malire. Ine ndikuti ayi. North Korea inatseka, ndipo mukaiyerekeza ndi South Korea kusiyana kwake n'kochititsa chisoni. Chomwe ndimayang'ana ndikamva kuti boma lina lasainirana pangano ndi kampani yakunja ndi zolembedwa mkatimo: msonkho yakhululukidwa kwa zaka zingati, zipangizo izigula kwa ndani, ndiponso ngati pakatha zaka khumi mainjiniya ake adzakhale nzika za dzikolo. Vuto ndi lakuti mapangano ambiri otere, makamaka a migodi ndi mafuta, sasindikizidwa n'komwe kuti anthu awawerenge.